Chilombo changa chikungooneka ngati munthu wopondaponda makatoni

Chifundo: Akuluakulu, ndili m'madzi. Tikujambula vidiyo ya nyimbo, mmene chilombo chikuphwanya tauni. Mnyamata wavala chovala cha siponji, nyumba tapanga za makatoni zofika m'mawondo. Ndikaonera pa kompyuta, ndi munthu basi akusewera ndi zidole. Woimba akuifuna Lachisanu.

Mada: Mukujambula mafuremu (zithunzi) angati pa sekondi, achimwene? Nanga kamera ili pati?

Chifundo: 25, pa tripod, mulingo wa pachifuwa.

Bambo Gondwe: Vuto ndi lomwelo, mwana wanga. Mutu umenewu anaupweteka kale Eiji Tsuburaya ku kampani ya mafilimu ya Toho, ku Japan, pojambula filimu ya chilombo ya Godzilla mu 1954, ndipo nzeru zomwezo anazitengera pa TV atatsegula Tsuburaya Productions mu 1963 n'kutulutsa Ultraman mu 1966. Kanthu kakang'ono kamagwa msanga, pomwe nyumba yeniyeni imatenga nthawi kuti ifike pansi. Diso limazindikira pompo. Ndiye iwo ankathamangitsa kamera pojambula, poonetsa zonse n'kumayenda mwaulemu. Masamu ake ndi awa: ngati kanyumba kako ka theka la mita kakuimira nyumba ya mamita 8, wachepetsa ka 16. Nambala imene ukaichulukitsa ndi iyo yomwe ikupatsa 16 ndi 4. Ndiye 25 kuchulukitsa ka 4, jambula pa 100, udzaonetse pa 25.

Chifundo: Kamera yanga imafika 120, bambo. Ndingoika pamenepo?

Mada: Ayi! Magetsi athu ndi a 50 Hz, pa 120 mababu ambiri amaphethira, mudzalira pa editing. Khalani pa 100. Komanso kuwala kumafunika kochuluka. Ine ndingatulutse tauni yonseyo panja, dzuwa n'laulere.

Bambo Gondwe: Panja ndiye kwabwino, upeza thambo lenileni kumbuyo. Tripod uichotse, kamera uigoneke pansi iyang'ane m'mwamba, ngati munthu wothawa mumsewu. Ukaonere zimene anawongolera Akio Jissoji mu Ultraman ndi Ultraseven. Ankakonda kuika chinthu patsogolo pa kamera, chilombo n'kuonekera kuseri, nthawi zina dzuwa lolowa lili kumbuyo kwake moti umangoona chithunzithunzi chakuda. Zipi wa chovala sungamupeze.

Tiya: Makatoniwo ndi amene akundinyansa ine. Katoni imapindika, siisweka. Nyumba ziwiri zimene aziponde muumbe ndi pulasitala wopyapyala, muzilembe ming'alu ndi mpeni mkati, muthiremo ufa kapena phulusa kuti fumbi lituluke. Zakumbuyo zisiyeni, palibe aziona. Ndipo mnyamatayo mum'mvere chisoni. Haruo Nakajima, amene ankasewera Godzilla, chovala chake choyamba chinkalemera pafupifupi makilogalamu 100, ankatha mphindi zochepa chabe ali mkatimo. Madzi akhale pafupi.

Chifundo: Achemwali, pulasitala sauma pofika mawa?

Tiya: Uja amati plaster of Paris amagwira pasanathe ola. Muumbe zinayi, koyamba aponda molakwika.

Chifundo: Ndayesa madzulo ano ndi kanyumba kamodzi, pa 100, kamera ili pa njerwa. Fumbi lija likukwera ngati nyumba yagwadi. Chatsala ndi mnyamata, akuyenda ngati ali m'matope.

Bambo Gondwe: Muuze asadzichedwetse, aziyenda mwachangu ndithu. Kuchedwetsako ndi ntchito ya kamera.