Ndalama za msonkhano wa mtendere ku Jonglei zapezeka, koma mtima wanga ukukana. Ndilandire?

Membala wosatchula dzina

Moni nonse a m'gulu lino. Ndabisa dzina chifukwa nkhaniyi ikukhudza ntchito yanga ndi ya anzanga. Ndikupempha nzeru kwa inu amene munagwirapo ntchito m'mabungwe omwe si aboma, makamaka m'mayiko amene mitundu ili pa chidani.

Ndine mayi, ndipo ndakhala zaka zitatu ku South Sudan, m'kabungwe kakang'ono kogwira ntchito m'chigawo cha Jonglei. Kuno kuli mitundu itatu yomwe yakhala ikulimbana kuyambira kale: a Dinka a ku Bor, a Lou Nuer a ku Akobo ndi Uror, ndi a Murle a ku Pibor. Mvula ikatha, matope akauma, anyamata a kumakola amanyamuka kukalanda ng'ombe za mtundu wina, ndipo nthawi zambiri amatenga ndi ana ndi amayi omwe. Olandidwawo amakonzekera kubwezera. Ng'ombe kuno ndiye chilichonse, mnyamata wopanda ng'ombe sangalowole mkazi. Pamwamba pa zimenezi panabwera nkhondo ya akuluakulu imene inabuka ku Juba mu Disembala 2013 pakati pa pulezidenti Salva Kiir ndi Riek Machar, amene anali wachiwiri wake. Mgwirizano unasainidwa mu 2018, koma mfuti zinatsalabe m'midzi.

Ntchito yathu yeniyeni yakhala yofufuza ana obedwa ndi kuwabwezera kwawo. Ndi ntchito ya pang'onopang'ono. Mtsikana wina tinamutsata miyezi khumi ndi umodzi, kuchoka kwa mfumu iyi kupita kwa mfumu iyo, kukhala pansi pa mtengo tsiku lonse osamva yankho. Tsiku limene tinamufikitsa, chilankhulo cha kwawo anali ataiwala. Mayi ake sanalankhule kanthu. Anagwada, kumugwira phazi lakumanzere, kufunafuna chipsera cha moto chimene anapsa ali wakhanda. Atachipeza ndi pamene anayamba kulira. Patapita masabata angapo, amalume a mtsikanayo anatumiza uthenga kumtundu unamuba uja kuti chaka chimenecho anyamata a banja lawo sapita nawo kokabwezera.

Tsono thandizo lakunja litadulidwa mu 2025, tinatsala anthu asanu ndi mmodzi, ndipo malipiro athu akutha miyezi iwiri ikubwerayi. Bungwe lina lakunja lavomera kutipatsa ndalama za miyezi isanu ndi inayi, koma likufuna chinthu chimodzi: msonkhano wa masiku atatu mu hotela ku Juba, anthu 60, mtundu uliwonse 20, kumapeto asaine chikalata, tijambule zithunzi, tilembe lipoti. Za ana obedwa mulibemo. Mayi wina wachikulire amene amatithandiza ku Pibor nditamufotokozera, anandiuza kuti, "Amene mukawakweze ndegewo ndi anthu a misonkhano. Ogwira mfuti ali kumakola."

Vuto lachiwiri ndi loti mwa anzanga asanu amene atsala, anayi ndi a mtundu umodzi, chifukwa ndi amene anali ndi mapepala a sukulu ndi Chingerezi pamene tinkalemba ntchito. Galimoto yathu ikafika mbali inayo, anthu amaitchula ndi dzina la mtundu wa anzangawo.

Ndikakana ndalamazi, kabungwe kafa ndipo ana amene tili pakati powafufuza atsala pomwepo. Ndikalandira, ndikhala ndikuchititsa msonkhano umene ndikudziwa kuti sugwira mtima wa munthu ali kukhola. Ndichite bwanji?

Wowerengera ndalama za mabungwe

Achemwali, musakane, komanso musasaine momwe zililimu. Pepala limene akupatsanilo ndi poyambira kukambirana basi. Munthu amene analilemba ali ndi abwana ake omwe akufuna chinthu chowerengeka, ndiye mupatseni chowerengeka china: ana angati mwawabwezera kwawo, maulendo angati a mafumu, ng'ombe zingati zabwezedwa. Mumuonetsenso bajeti. Ndege, hotela ndi alawansi ya anthu 60 ku Juba, muyerekeze ndi mtengo wa msonkhano womwewo utachitikira kumudzi. Zotsalazo mupemphe zipite ku ntchito ya ana. Ndipo dziwani kuti mu 2016 ku Istanbul, opereka thandizo akuluakulu analonjeza okha mu mgwirizano wotchedwa Grand Bargain kuti pofika 2020 gawo limodzi mwa magawo anayi a ndalama lizipita kwa mabungwe a m'mayiko okhudzidwawo. Sanafikepo, koma lonjezolo mutha kuwakumbutsa mwaulemu.

Abusa opuma

Mwana wanga, dziko limene mulilo lili ndi chitsanzo chake, musachifune kutali. Mu 1999, kumapeto kwa Febuluwale mpaka kumayambiriro kwa Marichi, a Dinka ndi a Nuer a kumadzulo kwa mtsinje wa Nile anakumana ku Wunlit, mothandizidwa ndi bungwe la mipingo la New Sudan Council of Churches. Anthu amakumbukira ng'ombe yoyera imene inaphedwa potsegulira, koma ine ndimakumbukira zimene zinachitika isanaphedwe. Mu Juni 1998 mafumu owerengeka a mbali ziwiri anayamba akumana ku Lokichogio, ku Kenya. Kenaka anayenderana. Mafumu a Nuer anapita kudera la a Dinka, a Dinka nawo anapita kudera la a Nuer, aliyense kukaona ndi maso ake kuti akagona kwa mdani adzukako wamoyo. Malo a msonkhanowo anamangidwa ndi eni dera ndi manja awo. Atakumana, masiku oyamba anangokhala ofotokoza zowawa, mbali imodzi ikulankhula, inayo ikumvetsera osadula mawu. Zimene anagwirizana zinali za moyo wa tsiku ndi tsiku: kubweza anthu obedwa, kudyetsera limodzi ziweto, makhoti a m'malire.

Ndalama zakunja zinalipo pa Wunlit, zinalipira maulendo ndi chakudya. Koma msonkhano unali wa eni ake, ndipo unabwera pambuyo pa miyezi yambiri ya kuyenda. Anzanu akunjawo akufuna kuyambira kumapeto. Kuthamanga sikufika. Muwafotokozere za Wunlit, mwina sanamvepo.

Mnyamata wophunzira za ndale

Pepani akuluakulu, ine ndiyankhula mosabisa. Mayi, ndalamazo zikaneni. Thandizo lolakwika limaononga kuposa kusowa thandizo. Mu 1994 anthu ochuluka atathawa ku Rwanda kupita ku Goma, m'dziko la Zaire (lero DRC), amene anatsogolera kupha a Tutsi ndi omwe analamulira misasa ya othawa kwawo ndi kagawidwe ka chakudya, mpaka nthambi ya ku France ya bungwe la madokotala la Médecins Sans Frontières inachoka m'misasa ya othawa ku Rwanda kumapeto kwa chakacho. Inuyo mukanyamula anthu 60 kukawagoneka mu hotela, mukhala mukuuza Jonglei yense kuti atsogoleri ndi amenewa. Mnyamata wa kukhola adzaona kuti amene akudya ndi ovala jekete, iye ayi. Ndipo ena adzaphunzira kuti mtendere umalipira alawansi pokhapokha nkhondo ikadalipo. Zikalata zasainidwa zingati kumeneko?

Mayi wa bungwe la amayi

Achimwene, zimene mwanenazo ndi zoona, koma kukana n'kosavuta kwa munthu amene sakudikiridwa ndi mayi wa mwana wobedwa. Achemwali athuwa akakana, ndalamazo sizibwerera kwawo. Zipita kwa ena amene achititse msonkhano womwewo popanda ngakhale kudzifunsa funso limene iwo adzifunsali.

Kwa inu achemwali, mverani mayi wa ku Pibor uja kuposa tonsefe. Ku Wajir, kumpoto chakum'mawa kwa Kenya, mu 1993 mafuko ankaphana mpaka chidani chinafika pamsika, amayi kukana kugulitsana malonda. Amayi owerengeka, mmodzi mwa iwo Dekha Ibrahim Abdi, anayambira pamsika pomwepo. Atakhazika bata pamenepo ndi pamene anapita kwa akuluakulu a mafuko, kenaka achinyamata, atsogoleri a chipembedzo ndi aboma, mpaka mu 1995 panabadwa Wajir Peace and Development Committee. Anayamba ndi za m'matumba mwawo ndi za amalonda a m'deralo. Chimene ndimatolapo n'choti anayambira pamalo pamene anthu odanawo sakanatha kupewana. Kwanuko malowo ndi ati? Pomwetsera ng'ombe? Pamsika wa ziweto? Mukapeza malowo, mwapeza ndi anthu oyenera kuitana.

Mtolankhani

Aliyense akukamba za msonkhano, koma ine chandidetsa nkhawa ndi galimoto ija. Anthu akayamba kutchula galimoto yanu ndi dzina la mtundu, ndiye kuti bungwe lanu lalowa kale mu mkanganowo, mufune musafune. Malipiro, mafuta, lendi ya ofesi, amene mumagulako zinthu, zonsezo anthu amawerenga. Ku Burundi mu 1995, kuphana kuli mkati, bungwe la Search for Common Ground linatsegula Studio Ijambo, malo okonzera mapologalamu a pa wailesi, momwe atolankhani a Hutu ndi a Tutsi ankagwira ntchito limodzi. Phindu lake linali looneka: kumene mmodzi sakanafika wamoyo, mnzake ankafika, ndipo omvera a mbali zonse ankakhulupirira nkhanizo. Inu m'bajeti yatsopanoyo ikanimo anthu awiri kapena atatu a mitundu inayo. Pa ntchito yofufuza ana, chofunika ndi munthu amene mafumu amamulandira pakhomo. Lipoti la Chingerezi mudzalemba ndinu.

Membala wosatchula dzina

Zikomo nonse. Abusa, za kuyenderana kwa mafumu zandikhudza kwambiri, chifukwa mafumu awiri amene anatithandiza pa mtsikana uja sanaonanepo maso ndi maso, ankangotumizirana mawu kudzera mwa ife. A mtolankhani, mwandilasa pamene pakupweteka. Anzanga anayiwo ndi anthu okhulupirika, wina anataya mchimwene wake pa kulanda ng'ombe komweku koma amayendabe nafe. Sindikufuna amve ngati ndikuwakayikira chifukwa cha mtundu wawo. Ndiyambe bwanji kuwauza?

Achimwene a sukulu, sindikukutsutsani. Mu Marichi 2021 mitundu itatuyi inagwirizana za mtendere ku Pieri, kuno ku Jonglei, ndipo ana ena anabwezedwadi pambuyo pake, koma kulanda ng'ombe kunayambiranso. Ndiye mantha anuwo ndi anganso.

Mtolankhani

Musawauze ngati chigamulo. Afunseni iwowo kuti ndi midzi iti imene amaopa kufikako, ndipo ndani angawatsegulire njira. Mayina adzatchula okha. Iwo ndi amene amakhala m'galimotomo anthu akamaiyang'anitsitsa, vutoli amalidziwa kuposa inu.

Abusa opuma

Pa za Pieri, mwana wanga, musataye mtima. Ngakhale Wunlit sinathetse nkhondo yonse, ndipo za mu 2013 zinadzachitikabe. Papa Francis anapsompsona mapazi a atsogoleri a dzikolo ku Vatican mu Epulo 2019, koma mpaka lero zinthu sizinakhazikike. Mgwirizano wa m'midzi umafuna woulondera msonkhano ukatha: wina woti ng'ombe khumi zikabedwa athamange nayo nkhaniyo kwa mafumu zisanafike pa zana. Mufunse anzanu akunjawo kuti mwezi wachikhumi, ndalama zawo zitatha, wothamangayo adzakhala ndani.

Wowerengera ndalama za mabungwe

Chinanso ndisanaiwale, nkhani ya alawansi. Muikonzeretu poyera msonkhano usanayambe, mafumu a mbali zonse amve limodzi. Chakudya ndi mayendedwe mulipire inu mwachindunji, ndalama za m'manja zikhale zochepa ndi zofanana kwa aliyense, mfumu ndi mnyamata wa kukhola chimodzimodzi. Mbali imodzi ikangomva mphekesera kuti inayo yalandira zambiri, ntchito yonse yagwa. Ndipo akakana kusintha chilichonse, osasuntha ngakhale malo a msonkhano, pamenepo ndigwirizana ndi mnyamata wathuyu.

Membala wosatchula dzina

Ndamva. Usiku uno ndilemba pepala lina: maulendo a mafumu ndi atsogoleri a anyamata a kumakola poyamba, ntchito ya ana ipitirire, anthu awiri atsopano, ndipo msonkhano ubwere kumapeto, pamalo pamene mafumuwo asankhe. Ndisanalitumize, mawa ndiliwerenga kaye kwa anzanga asanu aja, kenaka ndiyimbire mayi wa ku Pibor. Bambo owerengera ndalama, ndingakutumizireni bajetiyo ku inbox muiyang'ane Lachisanu lisanafike?