Edward Yang wa ku Taiwan uja anachoka bwanji ku makompyuta n'kuyamba kupanga mafilimu?

Nachisale88:

Moni nonse. Wikendi yapitayi alamu anga anandiikira mu laputopu filimu ina ya ku Taiwan dzina lake Yi Yi, akuti ndionere tsiku lomwe ndilibe zochita chifukwa imatenga pafupifupi maola atatu. Ine m'maganizo ndinkati ndi za karate zija tinkaonera ku vidiyo sho tili ana, koma ayi ndithu, ndi nkhani ya banja limodzi la mu Taipei basi. Imayamba ndi ukwati, usiku womwewo agogo akugwa ndi sitiroko osalankhulanso, kumapeto maliro. Adokotala amauza abale kuti azisinthana kuwalankhula agogowo ali chigonere, ndiye aliyense akakhala pafupi ndi bedi amapezeka kuti alibe chonena, pamenepo ndinaimitsa kaye filimu chifukwa n'zomwe zinatichitikira ife ndi agogo athu chaka chatha. Komanso kamnyamata kaja ka zaka 8 komajambula anthu kunkhongo pofuna kuwaonetsa mbali yomwe eniake sangaione, mpaka lero sikakuchoka m'mutu mwanga.

Ndiye ndikufuna kudziwa za munthu anapanga zimenezi, Edward Yang. Alamu anga akuti anali injiniya wa makompyuta, zoona zimenezo? Nanga analowa bwanji mu zamafilimu, ndipo anapanga angati, ndionere iti pambuyo pa iyi? Amene mukudziwa thandizeni chonde.

Kamwendo_wa_ku_Leeds:

A Nachisale, alamu anuwo sananame. Yang anabadwira ku Shanghai mu 1947, makolo ake n'kusamukira naye ku Taiwan ali kamwana nthawi ija boma la Kuomintang linkathawa achikomyunizimu. Anakulira mu Taipei, anaphunzira uinjiniya wa zamagetsi pa National Chiao Tung University, kenako anapita ku America kukatenga digiri yachiwiri pa University of Florida. Anayesako sukulu ya mafilimu ya University of Southern California koma sanakhalitse, anaona kuti zomwe akuphunzitsa kumeneko si zomwe mtima wake ukufuna, ndiye anasiya n'kupita ku Seattle komwe anagwira ntchito ya makompyuta kwa zaka zingapo. Munthu anali atakhazikika, malipiro abwino, kumeneko ambiri akanangoti basi ndafika.

Chomwe chinamutembenuza ndi filimu ya Werner Herzog wa ku Germany yotchedwa Aguirre, the Wrath of God yomwe anakaionera ku Seattle komweko, ndi imene inamuonetsa kuti filimu itha kupangidwa mwa njira ina osati ya Hollywood yokha. Anabwerera kwawo ali ndi zaka zopitirira 30, anayamba ndi kulembera mnzake sikiripiti ya filimu yotchedwa The Winter of 1905.

Koma chimene ambiri amaiwala n'chakuti khomo lake lenileni linali TV osati sinema. Mu 1981 Sylvia Chang, mayi yemwe anali kale katswiri wotchuka wosewera mafilimu, ankayendetsa sewero la pa TV lotchedwa Eleven Women, nkhani iliyonse ndi dailekitala wake, ndipo anadala kupatsa mpata achinyamata omwe analibe dzina. Yang anapatsidwa nkhani yotchedwa Floating Weeds. Chaka chotsatira, 1982, kampani ya Central Motion Picture Corporation yomwe inali m'manja mwa chipani cholamula inatenga madailekitala anayi atsopano kuti aliyense apange kachigawo ka filimu imodzi, In Our Time, mmodzi mwa anayiwo anali iyeyu. Filimu imeneyo ndi imene amaiwerenga ngati chiyambi cha Taiwan New Cinema, gulu lomwe linatopa ndi nkhani zachikondi zokometsera ndi zomenyana n'kuyamba kujambula moyo weniweni wa anthu a pachilumbapo.

Mafilimu ake aatali alipo 7 okha: That Day, on the Beach mu 1983, Taipei Story 1985, Terrorizers 1986, A Brighter Summer Day 1991, A Confucian Confusion 1994, Mahjong 1996, wotsiriza Yi Yi mu 2000 yemwe anamupezetsa mphoto ya dailekitala wopambana pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, ku France. Anamwalira pa 29 June 2007 ku Beverly Hills ndi khansa ya m'matumbo ali ndi zaka 59, n'kusiya filimu ya katuni yotchedwa The Wind yomwe ankapanga ndi Jackie Chan isanathe. Mukaonanso Yi Yi muone kuti bambo uja NJ amagwira ntchito mu kampani ya makompyuta, ma miting'i aja ndi kunamizana kwa anzake a bizinesi Yang sanazimve kwa munthu, anakhalamo.

Bambo_a_Tadala:

Achimwene a Kamwendo mwafotokoza bwino koma pali chimodzi mwachidumpha chomwe ine chimandiwawa. Yi Yi yomweyo mukuitamayo anthu a ku Taiwan sanaionere m'masinema mwawo nthawi yomwe inatuluka, mwiniwake sanalole poti sankagwirizana ndi mmene ogulitsa mafilimu kumeneko ankachitira zinthu. Inadzaonetsedwa bwinobwino mu 2017 munthu atagona kumanda zaka 10. Tangoganizani, ku France akuwomba m'manja, ku New York akulemba m'manyuzipepala, koma mayi wa mu Taipei amene moyo wake ndi womwe uli mu filimumo alibe poionera. Ine zimenezi sindigwirizana nazo ngakhale pang'ono, ukakwiyira ogulitsa usalange oonera, iwo analakwa chiyani? Nkhani ndi yawo, chilankhulo ndi chawo, misewu ndi yawo, ndiye oyamba kuidya akhale alendo?

Ndipo tinene zoona, mafilimu akewo si a aliyense, kamera imakhala patali osasuntha, nthawi zina ukuona anthu kudzera pa galasi la windo nkhope osazioneka bwino, ine Terrorizers ndinachita kuibwereza kawiri kuti ndimvetse kuti wajambula zithunzi uja, dokotala wa mu labu uja ndi mtsikana woimba foni zabodza uja akukhudzana pati. Ndinaikonda pomaliza koma sindingadabwe kuti anthu wamba ankathawa.

Nangozo_M:

Bambo a Tadala ndakumvani ndipo mbali ina mukunena zoona, koma muone kaye zomwe munthuyu anadutsamo asanafike pokana choncho. Tengani Taipei Story. Ndalama zinali zosowa mpaka mnzake Hou Hsiao-hsien, yemwenso ndi dailekitala wamkulu payekha, anaika nyumba yake pa chikole kuti filimu itheke, n'kuseweranso yekha ngati mwamuna wa mu nkhaniyo, Lung, uja wa sitolo ya nsalu amene ali mwana anali katswiri wa baseball koma moyo unamusiya m'mbuyo. Chibwenzi chake mu nkhaniyo chinali woimba Tsai Chin yemwe chaka chomwecho anakwatiwa ndi Yang. Anthu anadzipereka chonchi koma itafika m'masinema inangokhala masiku ochepa chabe n'kuichotsa. Munthu zikakuchitikira zoterezi kangapo mtima umauma ndithu. Kenako m'zaka za m'ma 1990 msika wa mafilimu a ku Taiwan unagweratu, masinema anadzaza ndi za Hollywood ndi Hong Kong, moti ndalama zopangira Yi Yi zambiri zinachokera ku Japan. Ndiye inde oonera sanalakwe, koma nayenso sanadzuke m'mawa n'kungoganiza zowamana.

Komanso kunena kuti anataya anthu akwawo si zoona kwenikweni, chifukwa ankaphunzitsa pa sukulu ya zaluso ya mu Taipei ndipo ophunzira ake ambiri ankawatenga kukagwira nawo ntchito pojambula. Wei Te-sheng anali wothandizira dailekitala pa Mahjong, yemweyo ndi amene mu 2008 anadzapanga Cape No. 7 yomwe inabweza anthu a ku Taiwan m'masinema mwaunyinji. Christopher Doyle amene pambuyo pake anatchuka pogwira kamera m'mafilimu a Wong Kar-wai, filimu yake yoyamba yaitali inali That Day, on the Beach. Zimenezi kwa ine zimawerengedwa.

Za kamera yokhala patali, ine ndi zomwe ndimamukondera, sakuuza kuti lira apa kapena seka apa, amakusiya uone chipinda chonse ndi anthu ali m'menemo uweruze wekha ngati mmene umachitira ukafika pakhomo pa anthu pomwe pali vuto.

Kamwendo_wa_ku_Leeds:

A Nangozo mwandithandiza. A Nachisale munafunsa kuti muonere iti, ine ndikuti A Brighter Summer Day, koma konzekani chifukwa ndi mamineti 237, maola anayi kuchotsapo mamineti atatu okha. Osaopa, mukalowamo simuzindikira nthawi.

Nkhaniyo inachokera pa zomwe zinachitikadi mu Taipei mu 1961, mnyamata wa sukulu anabaya mtsikana mnzake ndi mpeni mpaka kufa, ndipo Yang nthawi imeneyo anali wa msinkhu womwewo mu mzinda womwewo moti zinamukhala mu mtima zaka 30. Koma sanapange filimu ya kupha, kupha kumabwera kumapeto kwenikweni. Chomwe akukuonetsani ndi mmene mwana wabwinobwino wa pa banja laulemu amafikira pamenepo. Makolo anathawa ku China akuganiza kuti abwerera posachedwa, zaka zikudutsa kubwerera osabwerera, akukhala m'nyumba zomwe anasiya a ku Japan, dziko lili pansi pa malamulo a asilikali omwe anakhala kuyambira 1949 mpaka 1987, akasinja akudutsa mu msewu usiku, ndiye ana poona kuti akuluakulu nawonso ali ndi mantha akudzipangira timagulu ta zigawenga kuti apeze podalira, uku akuimba nyimbo za Elvis Presley m'Chingelezi chomwe sakuchimva. Dzina la filimuyo la Chingelezi linachokera m'mawu a nyimbo ya Elvis yomweyo.

Gawo lomwe limandipweteka ine ndi la bambo ake a mnyamatayo. Munthu wa mfundo zake, wogwira ntchito m'boma, amene anapita ku sukulu kukakangana ndi aphunzitsi poteteza mwana wake, usiku wina apolisi achinsinsi akubwera kudzamutenga, akumusunga masiku akumulembetsa mayina a aliyense amene anadziwana naye, akubwerako ali munthu wina wosweka wongodzidzimuka usiku. Mwana akuona zonsezo. Amene makolo athu anatiuzako za nthawi ya chipani chimodzi kwathu kuno, kugogoda kwa usiku ndi kuopa kutchula dzina la mnzako, gawo limenelo simufuna wokumasulirani.

Mnyamatayo anasewera ndi Chang Chen, ali wachichepere, ndipo bambo ake a mu filimuyo ndi bambo ake omubala enieni, Chang Kuo-chu. Nkhope yake mukuidziwa kale, ndi wachifwamba wa m'chipululu uja mu Crouching Tiger, Hidden Dragon ya Ang Lee, ndiponso Dr. Yueh mu Dune ya 2021. Anthu olankhula mu filimuyi ndi ochuluka kwambiri ndipo ambiri anali asanaimepo pa kamera, ndiye poyamba musokonezeka mayina ndi magulu, pitirizani basi pofika ola lachiwiri mudzakhala mukuwadziwa ngati ana a m'dera lanu. Inapata mphoto ya filimu yopambana pa Golden Horse, mpikisano waukulu wa mafilimu ku Taiwan, koma kwa zaka zambiri inkapezeka m'makope oipa akuda bii, mpaka bungwe la dailekitala wa ku America Martin Scorsese la World Cinema Foundation linaikonza mu 2009, kampani ya Criterion n'kuitulutsa mu 2016. Fufuzani yokonzedwayo chifukwa zambiri zimachitika usiku ndi tochi yomwe mnyamatayo anaba, mu kope yoipa simuona kanthu.

Bambo_a_Tadala:

A Nangozo za nyumba ya Hou pa chikole ndazimva ndipo zandifewetsako mtima, koma pa Yi Yi ndikadali pomwepo, zaka 17 ndi zambiri, alipo agogo ena a mu Taipei anamwalira osaiona. Pa A Brighter Summer Day pokha ndikugwirizana ndi achimwene a Kamwendo, imeneyo ndiye ayambe nayo, Mahjong ndi A Confucian Confusion zidzabwere pambuyo chifukwa muli kulankhula kwambiri ndi mkwiyo pa anthu okonda ndalama, zimafuna munthu amene wamuzolowera kale.

Nachisale88:

Zikomo kwambiri nonse, sindimayembekezera kuti mundiyankha mozama chonchi. Chandikhudza kwambiri ndi cha Sylvia Chang chija, kuti mayi mmodzi anangokhulupirira munthu wochokera ku makompyuta wopanda filimu ngakhale imodzi n'kumupatsa nkhani pa TV. Ndawaimbira alamu anga akuti yokonzedwa ya Criterion ali nayo abwera nayo Loweruka, ndawauzanso amayi kuti tidzaonere limodzi chifukwa za apolisi ogogoda usiku zija amazikamba kawirikawiri za malume awo. A Kamwendo, ndi bwino tiionere yonse tsiku limodzi kapena tingaigawe pawiri, ndipo ngati tingaigawe tiimire pati?