Ndi update iti yomwe inapepukitsadi kompyuta yanu?

Wa pa Ngabu: Akuluakulu, dzulo ndikusanthula mu hard drive yakale ndapeza nyimbo za kwaya ya kumpingo kwathu zomwe ndinajambula mu 2016, nthawi ya FL Studio 12, pulogalamu yopangira nyimbo pa kompyuta. Laputopu ija inkavutika zedi. Ukangoika ma plugin asanu, timapulogalamu towonjezera topanga kapena kukometsa mawu, mawu ankathetheka ngati mbuliwuli m'chiwaya, amayi a kwaya n'kumandiyang'ana ngati ndalodza nyimbo yawo. FL Studio 20 itatuluka mu 2018, ija opanga ake anadumpha nayo kuchoka pa 12 pokumbukira zaka 20 za pulogalamuyi, ndinaona ngati zapepuka. Koma lero ndikukayika. Inalidi update, kapena ndi mtima chabe? Inu chinakuthandizani n'chiyani?

Mnyamata wa pa Nchalo: Achimwene, kwa ine si pulogalamu ayi. Ndinachotsa hard drive yozungulira ija n'kuikamo SSD, chosungira mafayilo chachangu chopanda zozungulira mkati. Kale ndinkayatsa kompyuta, n'kupita kukatunga madzi, pobwera isanadzukebe. Ma sample, mawu ojambulidwa kale opangira nyimbo, tsopano amatseguka nthawi yomweyo. Kuthetheka kokha SSD siithetsa, imeneyo ndi ntchito ya purosesa, ubongo wa kompyuta.

Madala a ku Bangula: Anyamata inu mumathamangira manambala atsopano. Ine ndinapulumuka ndi ASIO4ALL, kadalaivala kaulere, kapulogalamu koyendetsa mawu m'kompyuta. Pojambula ulimba buffer, mlingo wa mawu amene kompyuta imasunga kaye isanawatulutse, ndimaitsitsa pa 256 kuti woimba asamve mawu ake akubwera mochedwa m'mahedifoni. Posakaniza ndimaikweza mpaka 1024, purosesa ipume. Yatsaninso smart disable, imagoneka plugin iliyonse imene sikulira panthawiyo. Zimenezi zinalimo kale 20 isanabwere, inu simunkazidziwa basi.

Mlongo wanu wa ku Nsanje: Mwaiwala kuti tili kuchigwa? Okutobala kuno kutentha kumadutsa madigiri 40, ndiye purosesa ikapsa imadzichepetsa yokha liwiro kuti isafe. Yanga inkachita ulesi masana okhaokha, usiku ili bwinobwino. Wokonza mafoni pamsika ataitsegula anatulutsa fumbi lothinana ngati thonje pa fani, n'kupaka thermal paste watsopano, kaphala kothandiza purosesa kutaya kutentha. Achimwene a pa Ngabu, mu 2018 simunasinthe china chilichonse?

Wa pa Ngabu: Iii achemwali, mwandigwira. Chaka chomwecho ndinasamutsa situdiyo kuchoka m'kachipinda kamalata kopanda siling'i kuja kupita m'nyumba ya udzu ya agogo. Madala, buffer yanga ndangoiona pano, yakhala pa 128 zaka zonsezi.