Kodi "kumwa mwabvi" n'kutani, nanga mapondera ndani?

Akuluakulu, ndithandizeni. Kuno ku Rosettenville, mumzinda wa Johannesburg, timakhala asanu m'nyumba imodzi, ndiye Lamlungu ndalama ya lendi inasowa m'chitini. Tonse maso anali pa madala ena a ku Dedza amene anaswera pakhomo. Iwo anangovula chipewa n'kunena motsitsa mawu, milomo ikunjenjemera, "Ana inu, itanani mapondera, mwabvi ndimwa ine." Ndalamayo inapezeka madzulo kuseri kwa filiji. Tinapepesa, koma mawuwo akundisowetsa tulo. Ankatanthauza chiyani?

Mayi wa ku Turffontein: Mwana wanga, munawafikitsa patali bambowo. Mwabvi ndi mtengo, makungwa ake ndi poizoni. Kale munthu akamunamizira ufiti, kuba kapena chigololo, ankasinja makungwawo, kusungunula m'madzi, n'kumumwetsa pabwalo anthu akuonerera. Wosinjayo ndiye mapondera. Ukasanza, wayera, abale ako nthungululu. Ukalephera kusanza, unkafa pomwepo, ndipo ankati mfiti yagwidwa. Maliro ako sankalira, mtembo ankautaya kutchire kapena kuuwotcha. Ana otsala ankakula ndi dzina loti ana a mfiti.

Achimwene a ku Mayfair: Kuwonjezera pa amayi, nthawi zina ankamwetsa nkhuku kapena galu m'malo mwa munthu. Boma la Nyasaland linaletsa mwabvi ndi lamulo la ufiti la 1911. Chimene chimandipweteka ine n'chakuti moyo wa munthu unali m'manja mwa wosinja. Akachulutsa kapena kuchepetsa makungwa, mlandu watha. Ndiye ganizirani nkhalamba yamasiye yopanda woiyankhulira.

Mayi wa ku Turffontein: Zoona achimwene. Koma musaiwale kuti ambiri ankaupempha okha mwabviwo, pokhulupirira ndi mtima wonse kuti wosalakwa sungamuphe. Agogo anga ankati mayi awo aang'ono anapita kubwalo atadzola mafuta, atavala nsalu yawo yabwino, akuuza ana kuti aphike ndiwo akubwera. Sanabwerere. Choncho munthu akati "mwabvi ndimwa," akunena kuti ndili wokonzeka kufa kuti dzina langa liyere.

Wofunsa: Zikomo amayi, zikomo achimwene. Ine ndimayesa akunena za mankhwala a m'mimba. Kupepesa kwathu kuja kunali kwa pakamwa chabe, tili chiimire pakhomo la bafa. Loweruka ndikaweruka ndigula nkhuku, anzanganso ndawauza kuti asachoke. Amayi, popepesa munthu wamkulu chonchi, timayamba ndi mawu oti chiyani?