Kholo linamwalira lili pantchito, kampani ikunyozera chigamulo cha khoti: mwana angatani?

NaPhiri_Mufakose:
Akuluakulu, ndigawireniko nzeru. Pali banja lina la mumpingo mwathu kuno ku Mufakose, mu mzinda wa Harare ku Zimbabwe. Bambo a m'nyumbamo anagwira ntchito zaka zambiri pa kampani ina ku Southerton. Atamwalira, mabwana analonjeza pamaliro pomwepo kuti mwana woyamba alowa m'malo mwawo, koma sizinachitike. Nkhani inafika ku High Court, mbali ziwiri zinamvana, ndipo chigamulo chinati kampani iunike pempho la mnyamatayo pasanathe masiku 30. Miyezi inayi tsopano kuli zii. Kodi bwana angamangidwe ponyoza khoti? Ena akuti ku India mwana amalowa ntchito ya kholo lake mwalamulo, nanga kuno?

Mlauzi_Highfield:
Mayi NaPhiri, yambani mwatenga pepala la chigamulolo muwerenge mawu ake enieni. "Iunike pempho" ndi "imulembe ntchito" ndi zinthu ziwiri zotalikirana. Ngati palembedwa kuunika basi, kampani ikhoza kulemba kalata ya mizere itatu mawa m'mawa, kunena kuti taona pempho koma malo palibe, ndipo pamenepo yamvera khoti. Pa mlandu wonyoza khoti jaji sawonjezera zimene sizinalembedwe m'chigamulo choyamba.

Labour Act ya kuno (lamulo la za ntchito), Chapter 28:01, sipereka ntchito ya malemu kwa mwana. Ntchito si chuma chamasiye. Mwayi umakhalapo ngati kampaniyo ili ndi ndondomeko yolembedwa, kapena ngati mgwirizano wa NEC (National Employment Council, bungwe la mabwana ndi antchito) ya ntchito zamtunduwo uli ndi ndime yotero. Lonjezo la pamaliro, anthu ali m'misozi, kulitsimikiza n'kovuta ngati palibe kalata kapena uthenga wa pa WhatsApp wochokera kwa munthu amene ali ndi mphamvu zolemba anthu ntchito.

Chisale263:
Zoona zimenezo achimwene, komabe masiku 30 anadutsa, choncho kunyozera kulipo ndithu. Loya ayambe walembera kampani kalata yopereka masiku owerengeka, monga 7, ndi kumatapo kope ya chigamulo. Akapanda kuyankha, pempho lipite ku High Court pansi pa malamulo a khotilo a 2021, ndipo masiku ano mapepala amalowa kudzera pa IECMS, njira ya pa intaneti yoperekera mapepala kukhoti. M'kalata yolumbira muoneke zinthu zitatu: chigamulo chilipo, munthuyo anachilandira kapena akuchidziwa, ndipo sanachite zomwe analamulidwa. Izi zikaoneka, khoti limatenga kuti anachitira dala, ndiye udindo umagwera iyeyo kufotokoza chomwe chinamulepheretsa.

Pamene ambiri amagwera ndi apa. Amasumira kampani yokha, kuiwala kuti kampani siingatsekeredwe m'ndende. Mutchule dzina la bwana amene ali ndi udindo wochita zimenezo, ndipo Sheriff, mkulu wopereka mapepala a khoti, am'patse mapepala m'manja mwake, chifukwa nkhani ikukhudza ufulu wa munthu. Kusiyira mlonda wa pageti kapena mtsikana wa pa risepishoni, mlandu umabwezedwa, ndalama za loya n'kupita pachabe.

Musayembekezerenso kuona bwana atamangidwa unyolo tsiku lomwelo. Nthawi zambiri jaji amapereka chindapusa kapena masiku a kundende, koma n'kuimika chilangocho malinga munthuyo amvere chigamulo m'nthawi yoikika. Cholinga n'chakuti amvere.

NaPhiri_Mufakose:
Zikomo bambo Chisale. Nanga akangolemba kalata yokana ija?

Chisale263:
Pamenepo kunyoza khoti kwatha, mayi. Chotsala n'kutsutsa kukanako pa mlandu wina watsopano, ngati zifukwa zawo zikusemphana ndi ndondomeko yawo yolembedwa.

Gama_wa_ku_Mbare:
Za ku India zija anthu amazikometsera. Dongosolo lilipodi m'ntchito za boma, koma Supreme Court ya kumeneko, pa mlandu wa Umesh Kumar Nagpal mu 1994, inanena kuti si ufulu wobadwa nawo. Ndi chithandizo chongopulumutsa banja lomwe lagwa mwadzidzidzi m'umphawi, ndiye wopempha patatha zaka zambiri amakanidwa, poti banjalo laonetsa kuti linapirira. M'boma lalikulu la India malo otere sapitirira 5 pa 100 alionse olembedwa mwachindunji m'gulu la Group C, la ntchito zotsikirapo. Lamulo lawo lonyoza khoti la 1971 limalola mpaka miyezi 6 kundende, kapena chindapusa chosapitirira marupi 2,000, kapena zonse ziwiri, ndipo mlandu uyenera kuyamba chisanathe chaka chichitikireni kunyozako. Zonsezi sizigwira ntchito mu Harare muno.

Ine nkhawa yanga ndi ina. Mabanja amathera mphamvu pa ntchito ya mwana n'kuiwala ndalama zimene zili zawo kale. Gawo 13 la Labour Act likuti munthu akamwalira, malipiro otsala ndi ndalama za masiku atchuthi zipite ku chuma chamasiye, chomwe chimalembetsedwa kwa Master of the High Court, ofesi yoyang'anira chuma chamasiye. Ku NSSA, bungwe la boma loona za penshoni za antchito, kuli ndalama ya maliro ndi penshoni ya mayi wamasiye ndi ana. Mayiwo atenge chikalata cha imfa, chitupa chawo, umboni wa ukwati, makalata a kubadwa a ana ndi nambala ya NSSA ya malemu. Mabanja athu ochokera ku Malawi aonetsetse kalembedwe ka mayina, chifukwa dzina likalembedwa Piri pa chitupa koma Phiri pa pepala la malipiro, fayilo imaima mpaka mubweretse kalata yolumbira. Ngati ndalama ya loya palibe, afikeni ku Legal Aid Directorate, ofesi ya boma yothandiza osowa ndalama ya loya, ndi kope ya chigamulo chija.